Kodi Timaseka Chiyani Chidole Chikagwa?

Pali mtundu wina wa masewera a pa kompyuta ndi pa foni umene wakhala ukukopa anthu kwa zaka zoposa makumi awiri tsopano, chikhalirecho ulibe nthano yogwira mtima, ulibe zithunzi zokongola, ndipo kawirikawiri ulibe ngakhale mdani woti wosewera amgonjetse. Chimene chilimo ndi kamunthu kojambula, ka mutu, manja awiri ndi miyendo iwiri, kamene ntchito yake yaikulu ndi kugwa. Kamagubuduka pa masitepe, kamagwa pa njinga, kamagwa chagada pamene kakuyesa kuthamanga. Pogwapo thupi lake lonse limangoti lende, khosi kupindika, mwendo kuloza uku dzanja kuloza uko, monga chimachitira chidole chosokedwa ndi nsanza mwana akachiponya. N'chifukwa chake masewerawa amadziwika ndi dzina la Chingelezi lakuti ragdoll, kutanthauza chidole cha nsanza. Ambiri mwa iwo safuna kugula kapena kuika kanthu m'makina: munthu amangotsegula tsamba la pa intaneti n'kuyamba kusewera. Tikaona ana ataunjikana pa foni imodzi, mitu itagundana, akuseka mpaka misozi, nthawi zina chowaseketsacho chimakhala chimenechi.

Kholo likazindikira zimenezi limabwera kwa a Sheikh kapena kwa ife aphunzitsi a madrasa ndi funso limodzi: kodi masewera amenewa ndi halaal kapena haraam? Funsolo ndi loyenera, koma lili ndi mkulu wake amene ayenera kuyamba wayankhidwa. N'chiyani chimene chimatiseketsa tikaona thupi la munthu likugwa? Funso limeneli silikhudza ana okha, chifukwa ifenso amene imvi zayamba kutiyendera, atatipatsira foniyo, sitingalumbire kuti pakamwa pathu pakhala potseka. Chiseko chimenechi n'chakale kuposa kompyuta, ndipo tikachimvetsa tidzadziwa choyenera kuopa ndi chosayenera kuopa.

Mmene chidolechi chimagwera

Kale, munthu wa m'masewera a pa kompyuta akagwa, kagwedwe kake kanali kojambuliratu. Mmisiri ankakonza zithunzi zotsatizana, ndipo makina ankangozionetsa chimodzimodzi nthawi zonse, kaya munthuyo wagwera pabwalo kaya pa masitepe. Chakumapeto kwa zaka za m'ma 1990 opanga masewera anayamba kuyesa njira ina, ndipo sewero la Trespasser la mu 1998 lili m'gulu la oyamba kuiyesa. Mu 2000 kampani ya IO Interactive ya mumzinda wa Copenhagen ku Denmark inatulutsa Hitman: Codename 47, ndipo chaka chotsatira Thomas Jakobsen, amene anakonza kagwedwe ka matupi m'seweromo, analongosolera amisiri anzake mmene anachitira. Iye anabwereka njira ya masamu imene katswiri wa ku France, Loup Verlet, anagwiritsa ntchito mu 1967 powerengera kayendedwe ka tizidutswa tating'onoting'ono timene timapanga zinthu.

Njirayo si yovuta kuimva. Thupi amaliyerekeza ngati timadontho tingapo, pamutu, m'mapewa, m'zigongono, m'chiuno, m'mawondo ndi m'mapazi, tolumikizidwa ndi timitengo timene sitiloledwa kutalika kapena kufupika. Kompyuta imasunga pamene kadontho kalikonse kali tsopano ndi pamene kanali kamphindi kapitako, ndipo kusiyana kwa malo awiriwo ndiko kumaiuza liwiro la kadonthoko ndi kumene kakulowera. Ikatero imawonjezerapo mphamvu yokokera zinthu pansi n'kusuntha kadontho kalikonse. Kenako imayang'ana ngati kamtengo kena katambasuka, kapena ngati phazi lalowa m'nthaka, n'kubwezera zonse m'malo mwake. Imabwereza ntchito imeneyi kambirimbiri pa sekondi imodzi, ndipo diso lathu limaona thupi likugwa. Palibe amene wajambula kugwako. Kwabadwa pomwepo kuchokera m'masamu.

Chofunika kuchiona ndi chimene mulibe m'masamu amenewa. Muli kulemera, muli liwiro, muli malire a kapindikidwe ka bondo, koma mulibe chifuniro. Munthu wamoyo akapunthwa amaponya phazi kutsogolo, amatambasula manja, amateteza nkhope yake asanaganize n'komwe. Chidolechi sichiteteza kanthu. Chili ndi maonekedwe a munthu, koma mwini thupi mulibemo.

Zitatu zimene zimakoka mtima

Choyamba ndi chakuti kugwa kotere sikubwereza. Kugwa kojambuliratu munthu amakuona kawiri katatu n'kutopa nako, koma apa ukangosintha pang'ono pamene wakankha, thupi limagwa mwa mtundu wina, moti ngakhale amene anapanga sewerolo sangalosere. Khanda limene lili pamiyendo pa amayi ake limagwetsa supuni, amayi n'kutola, ilo n'kugwetsanso, mpaka amayiwo kutopa. Khandalo silikuchita mwano. Likufunsa dziko ngati lamulo lake ndi lokhazikika, ndipo dziko likuliyankha mosasintha. Chidwi chimenechi ndi chimene chinabala sayansi ya fizikisi, ndipo malamulo a kayendedwe ka zinthu amene Isaac Newton anafalitsa mu 1687 ndi omwewo kompyuta ikuwatsatira chidole chikamagubuduka. Pamene mmisiri wina, Erin Catto, anapereka kwaulere pulogalamu yake ya Box2D yowerengera kugwa ndi kugundana kwa zinthu, ngakhale mnyamata mmodzi ali m'chipinda chake anatha kupanga sewero lotere n'kuliika pa intaneti kudzera mu pulogalamu ya Flash. Flash inatsekedwa kumapeto kwa 2020, koma masewerawa sanafe nayo limodzi, chifukwa ena anawalembanso m'njira zatsopano. Pa chidwi chofuna kuona mmene zinthu zimagwera, palibe choipa chimene tingaloze.

Chachiwiri ndi chozama. Mu 1900 wanzeru wa ku France, Henri Bergson, anatulutsa kabuku kofufuza gwero la kuseka, ndipo chimodzi mwa zitsanzo zake zoyambirira ndi cha munthu amene akuthamanga mumsewu, n'kupunthwa, n'kugwa, odutsa n'kuseka. Maganizo ake anali akuti timaseka pamene chamoyo chachita ngati makina, pamene munthu amene timayembekezera kuti adzilamulira wasanduka kwa kamphindi katundu wamba womvera kulemera kwake kokha. Tikayesa maganizowa pa zimene timaona tsiku ndi tsiku, amaima. Mwala ukagwa palibe amaseka. Thumba la chimanga likagwa pa ngolo anthu amangolitola. Koma bambo wovala bwino akaterereka m'matope pamaso pa anthu, ngakhale aulemu amabisa pakamwa. Chidole cha m'masewerawa ndi chiseko chimenechi chitasungunulidwa n'kutsala chokhachokha: maonekedwe a munthu, khalidwe la thumba. Bergson anaonanso chinthu china chimene tiyenera kuchisunga mpaka kumapeto kwa nkhani ino, chakuti chiseko chotere chimafuna kuti chifundo chiyambe chagona kaye, ngakhale kwa kamphindi. Mayi amene mwana wake wagwa saseka kufikira ataona kuti wadzuka ali bwinobwino.

Chachitatu ndi chakuti m'sewero kugwa sikulipiritsa. M'moyo weniweni kumalipiritsa kwambiri. Bungwe la zaumoyo padziko lonse la WHO limati anthu pafupifupi 684,000 amafa chaka chilichonse chifukwa cha kugwa, ndipo pa imfa zobwera mwangozi kugwa kumaposedwa ndi ngozi za pamsewu zokha. Thupi lathu limadziwa zimenezi, n'chifukwa chake timachita nthumanzi tikaima pamphepete pa denga. M'sewero muli batani lobwezera zonse pachiyambi, ndipo khosi limene linathyoka limawongoka nthawi yomweyo. Mtima wa munthu umakonda kuyandikira chimene umachiopa uli pamalo otetezeka, monga ana amakondera nthano za afisi atakhala pafupi ndi moto, agogo ali pambali.

Wogwa ndi wokankha

Tikafika apa tiyenera kusiyanitsa, chifukwa masewera amene amatchedwa ndi dzina limodzi saika wosewera pamalo amodzi.

Mu 2008 Bennett Foddy, mbadwa ya ku Australia amene anaphunzira filosofi ndipo ankafufuza za vuto la kukodwa m'chizolowezi cha mankhwala ozunguza bongo, anapanga sewero lotchedwa QWOP. Dzinali ndi zilembo za mabatani anayi a kompyuta. Wosewera amapatsidwa wothamanga amene waima poyambira mpikisano wa mamita 100. Mabatani a Q ndi W amayendetsa ntchafu, a O ndi P amayendetsa miyendo ya kumunsi kwa mawondo, ndipo palibenso china. Chimene mwana wa zaka ziwiri amachita osaganiza, apa uyenera kuchichita ndi nzeru zako, kuuza ntchafu iliyonse nthawi yonyamuka ndi bondo lililonse nthawi yopindika. Oyamba kumene kusewera amagwa asanapite patali, ndipo ena amagwa chagada kumbuyo kwa mzere woyambira, sewero n'kuwalembera mtunda wosafika ndi pa ziro pomwe. Amene walimbikira mpaka pakati pa njira amakapezanso chotchinga choti adumphe.

Munthu woseka pa QWOP akudziseka yekha. Wogwayo ndi iye, zala zolephera ndi zake, ndipo chimene akufuna ndi mtima wonse n'chakuti thupilo liime. Sewero lotere limavundukula chinthu chimene kuzolowera kunatibisira, chakuti kuyenda ndi ntchito yodabwitsa. Munthu wamkulu amaima pa mafupa 206 ndi minofu yoposa 600, ndipo mkati mwa khutu muli tiziwalo timene timauza ubongo mutu ukangopendekeka pang'ono. Zonsezi zimagwirizana popanda ife kulamula chimodzichimodzi, kuyambira pamene tadzuka kupita ku Swala ya Fajr mpaka pamene tagona. Hadith ya m'buku la Imam Muslim imatiuza kuti munthu analengedwa ndi mfundo 360, ndipo ina ya m'buku lomwelo imatiphunzitsa kuti m'mawa uliwonse mfundo iliyonse ya thupi imakhala ndi ngongole ya sadaka. Mwana amene walephera kuyendetsa mfundo zowerengeka za chidole kwa mamita asanu ali pafupi kumvetsa phunziro limeneli kuposa amene wangoliloweza pamtima. Amene anasamalirapo kholo lodwala matenda opha ziwalo, n'kuliona likuphunziranso kuponya phazi limodzi, amalidziwa phunzirolo mopweteka.

Koma pali mtundu wina. Mu 2002 Jetro Lauha wa ku Finland anapanga sewero lotchedwa Porrasturvat, limene kunja linadziwika kuti Stair Dismount, ndipo linapambana mpikisano wa opanga masewera pa msonkhano wa Assembly mumzinda wa Helsinki. Limenelo linali loika m'kompyuta, koma ofanana nalo adzaza pa intaneti. Kamunthu kopanda nkhope kaima pamwamba pa masitepe. Wosewera amasankha chiwalo choti akankhe, kolozera ndi kukula kwa mphamvu, kenako amangoonerera, ndipo mapointi amachuluka molingana ndi kukula kwa kuvulala. Mu 2010 Jim Bonacci wa ku America anatulutsa Happy Wheels, limene linatchuka kwambiri kudzera mwa anthu odzijambula akusewera pa YouTube. Mwa anthu amene wosewera angasankhe muli nkhalamba yoyenda pa njinga ya olumala, ndiponso bambo wopalasa njinga atakweza mwana wake kumbuyo. Njira zake n'zodzaza ndi misampha, zambiri zokonzedwa ndi osewera anzawo, ndipo wogwa amaduka manja, miyendo kapena mutu, magazi ali psuu. Cholinga cholembedwa ndi kukafika kumapeto, koma sitinganame kuti chimene chimasonkhanitsa oonerera ndi kufikako.

Masamu a masewera onsewa ndi amodzi, koma malo a mtima ndi osiyana. Kwina wosewera ali m'kati mwa thupi logwalo ndipo akulimbana kuti liime. Kwina waima kumbuyo kwake, dzanja lili pamsana, ndipo mphotho yake ikubwera thupilo likaphwanyika. Funso lenileni la makhalidwe pa masewerawa lagona pamenepa: posekapo, kodi ndife wogwayo kapena wokankhayo?

Nkhani ziwiri za Mayi Aisha

Pali nkhani ziwiri zochokera kwa Mayi Aisha (Allah asangalale nawo) zimene zikaikidwa pamodzi zimaunikira bwino funsoli. Yoyamba ili m'buku la Abu Dawud. Mtumiki (madalitso ndi mtendere wa Allah zikhale pa iye) atabwera ku ulendo wina, mphepo inakweza nsalu yotchinga pamalo pamene Mayi Aisha ankasungira zidole zawo, ndipo pakati pa zidolezo panali hatchi yokhala ndi mapiko a nsanza. Atafunsa za hatchi ya mapiko, Mayi Aisha anamkumbutsa za mahatchi a Mneneri Sulaiman, ndipo Mtumiki anaseka mpaka mano a m'kati kuonekera. Chidole cha nsanza chenicheni chinali m'nyumba ya Mtumiki, ndipo chimene chinatuluka pamenepo chinali chiseko. Tikudziwanso kuchokera kwa Mayi Rubayyi bint Mu'awwidh kuti amayi a ku Madina ankapangira ana awo zoseweretsa za ubweya kuti aiwale njala pophunzira kusala pa tsiku la Ashura. Choncho amene angafune kutiuza kuti kusewera ndi chidole, kapena kuseka kumene, ndi tchimo pakokha, ayambe wadutsa pa nkhani zimenezi.

Yachiwiri ili m'buku la Imam Muslim. Anyamata ena a fuko la Quraish analowa kwa Mayi Aisha ali ku Mina, akuseka. Atawafunsa chowaseketsa, anafotokoza kuti munthu wina wakodwa ndi chingwe cha hema n'kugwa, moti khosi kapena diso lake likanatha kuwonongeka. Mayi Aisha anawaletsa kuseka, ndipo anawakumbutsa chiphunzitso cha Mtumiki chakuti Msilamu akalasidwa ngakhale ndi munga, Allah amamkweza nawo ulemerero ndi kumfafanizira tchimo. Taonani mmene anawongolera maso a anyamatawo. Iwo anaona thupi logubuduka moseketsa, ndendende monga Bergson anadzalongosolera patapita zaka mazana ambiri. Mayi Aisha anawabwezera munthu m'thupimo: wogwayo ali ndi Mbuye wake, ndipo ululu wake ukulembedwa.

Mayi mmodzi yemweyo amene anasunga zidole ndi amene analetsa kuseka wogwa. Sanaone kutsutsana pakati pa ziwirizi, chifukwa malire anali oonekera: uku chidole, uku munthu. Vuto la nthawi yathu n'lakuti amisiri akugwira ntchito usana ndi usiku kuti chidole chigwe ndendende ngati munthu.

Koma chidole sichimva kuwawa

Wina anganene kuti tikukulitsa nkhani yaing'ono. Chidolechi ndi timadontho ndi timitengo, sichimva kuwawa, chilibe mayi wochilira, ndipo palibe amene walakwiridwa. Mawu amenewa ali ndi choonadi, ndipo tiyenera kuwapatsa malo ake. Pamene Abdullah bin Umar (Allah asangalale naye) anapeza anyamata atamanga mbalame n'kumaiponyera mivi, anawadzudzula powauza kuti Mtumiki anatemberera wosandutsa chinthu chamoyo kukhala chandamale. Chimene chinachititsa mchitidwewo kukhala woipa chinali moyo wa mbalameyo, ndipo chidole cha pa foni chilibe moyo. Sitingatenge chilango cha wozunza chamoyo n'kuchiika pa mwana wokankha chithunzi. Ofufuza nawonso akhala akutsutsana kwa zaka zambiri za mphamvu ya masewera achiwawa pa khalidwe. Mu 2020 bungwe la akatswiri a za maganizo la American Psychological Association linanena kuti pali kugwirizana kochepa pakati pa masewera otere ndi mkhalidwe waukali monga kukalipa ndi kukankhana, koma palibe umboni wokwanira wakuti ndiwo amachititsa chiwawa chenicheni. Choncho sitinena kuti mwana wosewera Happy Wheels adzakula chigawenga. Kutero kungakhale kunamizira, ndipo ana amazindikira msanga mkulu akamakokomeza, n'kusiya kumkhulupirira ngakhale pa zoona.

Komabe mawu akuti ndi timadontho chabe sangayende mpaka kumapeto. Ngati ndi timadontho chabe, bwanji osaika mwala pamwamba pa masitepewo? Masamu ake ndi omwewo, ndipo ndi osavuta kuwerengera. Yankho taliona kale: mwala suseketsa. Kukoma konse kwa sewerolo kukuchokera ku maonekedwe a munthu amene chidolecho chabwereka. Sitingadye kukoma kwa maonekedwewo pamene tikuseka, kenako n'kuwakana pamene tafunsidwa. Nkhalamba ya pa njinga ya olumala sinaikidwemo mwangozi. Inaikidwamo chifukwa kuona wofooka akuuluka n'kuphwanyika kumadzidzimutsa, ndipo kudzidzimukako ndiko kumaseketsa.

Chimene chili pangozi, tsono, si chidolecho. Ndi diso la wosewera. Ngati chiseko chotere chimafuna kuti chifundo chigone kaye, ndiye kuti sewero lolipira mapointi pa kuvulala likuphunzitsa chifundo kugona mobwerezabwereza, ndipo likupereka mphotho pa kugonako. Aphunzitsi tonse timadziwa mphamvu ya kubwereza, poti ndiyo njira imene mwana amasungira Surah pamtima. Chimene chabwerezedwa kambiri chimabwera chokha, osachiitana. Mantha athu ndi akuti chifundo chozolowera kugona chingachedwe kudzuka pa tsiku limene chikufunika.

Tsiku limenelo silili kutali, chifukwa limabwera pa foni yomweyo. Ngozi za pamsewu zimapha anthu pafupifupi 1.19 miliyoni chaka chilichonse padziko lapansi, malinga ndi WHO, ndipo zina mwa ngozizo zimajambulidwa. Kanema wa wakabaza amene wawombedwa ndi galimoto amafika pa WhatsApp kapena pa Facebook ali wofanana kukula ndi sewero lija, pa galasi lomwelo, wotsegulidwa ndi chala chomwecho. Thupi lake limauluka n'kugwa lende monga chidole, chifukwa malamulo a kugwa ndi amodzi. Ena amamtumiza kwa anzawo ataikapo tinkhope toseka. Sitikunena kuti masewera ndiwo anabala mchitidwe umenewu, poti anyamata a ku Mina analibe foni. Tikunena kuti mtima umene uli kale ndi kufooka kumeneku sufunika kuwonjezeredwa maphunziro.

Thupi lopanda mwini m'manja mwathu

Ife Asilamu tili ndi malo amodzi pamene timakumana maso ndi maso ndi thupi limene mwini wake wachokamo, ndipo ndi posambitsa maliro. Pamenepo dzanja ukalikweza limagwa, mutu ukausiya umapendekeka, ndipo m'bale amene dzulo ankadziyendera akudikira kuti ena amtembenuze. Mtembo sungadandaule, sungabwezere, sungakasume kwa mfumu. Koma taonani zimene Chisilamu chimatilamula pamalo amenewa: kubisa maliseche ake, kumgwira mofatsa, kuyambira mbali ya kumanja, kusunga chinsinsi cha chilichonse chonyazitsa chimene taona, kumveka sanda yoyera ndi kumnyamula mwaulemu. Hadith ya m'buku la Abu Dawud imayerekeza kuthyola fupa la wakufa ndi kuthyola fupa la wamoyo. Mtumiki analetsa kudula ziwalo za mitembo ngakhale pa nkhondo, ndipo pamene maliro a Myuda ankadutsa anaimirira, n'kukumbutsa odabwa kuti nayenso anali mzimu wa munthu. Qur'an yolemekezeka, mu Surah Al-Isra ndime 70, imaika ulemu umenewu pa ana onse a Adam.

Apa tikuphunzira kuti ulemu wa thupi la munthu sudalira kuti mwini wake angathe kudandaula. Chidole cha pa foni si mtembo, ndipo sitikuchiika pa mlingo umenewo. Koma chikhalidwe chimene chimatiphunzitsa kufewetsa manja pamene thupi lafooka kotheratu sichingaone ngati nkhani yachabe sewero limene limaphunzitsa kuti kufooka kwa thupi ndi mpata wopezera mapointi.

Tichite chiyani tsono

Kulanda foni ndi kukalipa ndi njira yachidule, koma imangosamutsira sewerolo kunyumba ya mnzake. Chabwino ndi kukhala pansi ndi mwanayo n'kuona chimene akusewera, poti ambiri mwa ife timaweruza zinthu zimene sitinaziyang'anepo. Tikaona, mafunso ndi ochepa. M'seweromu iwe ndiwe ndani, wogwa kapena wokankha? Mapointi akubwera thupilo likaima kapena likathyoka? Amene akusekedwayo ndi ndani: iwe mwini, kapena nkhalamba, wolumala ndi mwana? Mwana wa zaka khumi amatha kuyankha mafunso amenewa, ndipo akawayankha ndi pakamwa pake amawasunga kuposa lamulo lochokera kwa ife.

Sewero limene mwana akulimbana ndi miyendo yosamvera, n'kumaseka kulephera kwake ndi kuyambiranso, tingalilole ndi mtima woyera, malinga lisadye nthawi ya Swala, ya maphunziro ndi ya ntchito za pakhomo. Tingalisandutsenso khomo lolowera ku phunziro la kuthokoza, ngakhale ku fizikisi imene. Sewero limene phindu lake lonse ndi kuphwanya thupi, makamaka la wofooka, ndi bwino kumthandiza mwana kulisiya, pomuuza chifukwa chenicheni popanda kumuopseza ndi zimene sitingatsimikize. Ndipo pa makanema a ngozi za anthu enieni pasakhale kukambirana: sitiwatumiza, sitiwaseka, ndipo wotitumizira timamkumbutsa mwaulemu kuti wogwayo ali ndi abale. Lamulo limeneli liyambire pa mafoni a ife akuluakulu, chifukwa kawirikawiri si ana amene amafalitsa makanema otere.

Akale anati lungalunga m'pobadwa, chilema chichita kudza. Palibe mwa ife amene analonjezedwa kuti miyendo yake idzammvera mpaka mapeto. Ukalamba, matenda kapena ngozi ya tsiku limodzi zingatichititse kudalira mkono wa wina kuti tiime, ndipo pambuyo pa zonsezo aliyense wa ife adzagona pa thabwa losambitsira, thupi lili lende, osatha kudziphimba yekha. Amene adzatigwire pa tsiku limenelo ndi ana omwewa amene lero aunjikana pa foni. Zala zimene zikukankha chidole pa galasi ndi zomwezo zidzatembenuze mitu yathu ndi kumanga sanda zathu. N'chifukwa chake tili ndi chifukwa chofunira kuti aziseka, poti mwana wosaseka ndi wodwala, komanso kuti m'kuseka kwawoko chifundo chizikhala chogona tulo tapafupi, toti kubuula kumodzi kwa munthu weniweni n'kokwanira kuchidzutsa.

Allah ndiye Mwini kudziwa bwino.